Nkhondo ya ku Shimeh ndi mneneri wosakhulupirira kanthu: tikambirane buku la Bakker

Kadzidzi:
Moni nonse. Mwezi uno tinagwirizana zokambirana The Darkness That Comes Before, buku la R. Scott Bakker wa ku Canada. Linatuluka mu 2003 ndipo ndi loyamba mwa atatu a The Prince of Nothing. Enawo ndi The Warrior-Prophet ndi The Thousandfold Thought, limene linatuluka mu 2006. Lamulo ndi lomwe lija: za buku loyamba kambani momasuka, koma mukafuna kukhudza za m'tsogolo yambani mwachenjeza anzanu.

Phata la nkhani ndi ili. Maithanet, mtsogoleri watsopano wa chipembedzo cha Inrithi, walengeza nkhondo yopatulika yokalanda mzinda wa Shimeh m'manja mwa a Fanim, anthu a chipembedzo china. Magulu ankhondo a mayiko osiyanasiyana akusonkhana kunja kwa malinga a Momemn, likulu la ufumu wa Nansur. Mfumu ya kumeneko, Ikurei Xerius III, yatseka nkhokwe: sipereka chakudya pokhapokha atsogoleriwo atasaina chikalata chakuti dera lililonse limene alande lidzakhala lake. Mumkanganowu mukulowa Drusas Achamian, wamatsenga amenenso ndi kazitape, yemwe usiku uliwonse amalota chiwonongeko chimene chinagwa zaka 2000 zapitazo. Mukulowanso Cnaiür, mfumu ya fuko la Utemot mwa a Scylvendi, ndi Anasûrimbor Kellhus wa gulu lobisika la Dûnyain, amene akulondola bambo ake ku Shimeh komweko.

Chigamulo changa: buku lamphamvu, koma lomangidwa mopendekeka. Gulu lenileni lankhondo limanyamuka masamba atatsala pang'ono kutha. Amene akufuna malupanga kuyambira tsamba loyamba adziwiretu zimenezi.

Gologolo:
A Kadzidzi, ndithandizeni kaye. Ndili m'gawo lachiwiri ndipo Kellhus amene anatsegula bukuli wangozimirira. Abweranso? Komanso mayina andichulukira, Skauras ndi Skeaös ndikungowaona ngati munthu mmodzi.

Nkhwali:
Abwera, achimwene, koma mpaka gawo lachinayi. Bukuli lili ndi magawo 5 ndipo anayi oyambawo lililonse lili ndi mwini wake: wamatsenga, mfumu, hule, wankhondo. Lachisanu ndi limene limawakumanitsa. Ambiri amalisiya pamene mulipopo chifukwa amadikira Kellhus m'malo mowerenga zimene zili pamaso pawo.

Tengani pepala mulidule panayi. Pangodya yoyamba lembani a chipembedzo: Maithanet, mzinda wa Sumna, ndi mpingo wawo wa Thousand Temples. Yachiwiri a Nansur: Xerius, mayi ake Istriya, Conphas mkulu wa asilikali, ndi nduna yaikulu Skeaös. Yachitatu adani awo: dziko la a Fanim la Kian, mkulu wankhondo Skauras, ndi a Cishaurim, ansembe awo amatsenga. Yachinayi magulu a amatsenga: Mandate ya Achamian, Scarlet Spires ya Eleäzaras, ndi Imperial Saik imene imatumikira mfumu. Mayina ena onse alekeni adutse, ofunikawo abwera okha kachiwiri.

Chinanso, musadumphe kamzere kamene kamatchula nyengo, chaka ndi malo nkhani ikamasintha. Mawu oyamba amayambira mu 2147 pa kalendala ya m'nkhaniyi, kenako nkudumpha kufika mu 4109. Amene sanaone kamzereko amaganiza kuti mnyamata wa pamasamba oyambirira ndi Kellhus, pamene ndi kholo lake lakalekale. Mapu ndi mndandanda wa mayina wa kumapeto kwa buku loyamba muzigwiritsa ntchito. Mndandanda waukulu wa kumapeto kwa buku lachitatu musautsegule pano, umaulula zimene simunafike.

Mbiri_Yakale:
Njira ina yochepetsera chisokonezo ndi kudziwa kuti Bakker anayala nkhaniyi pa Nkhondo Yoyamba ya Mtanda, imene Akhristu a ku Ulaya anapita kukalanda Jerusalem kwa Asilamu, ndipo sanabise. Papa Urban II analalikira nkhondoyo ku Clermont mu November 1095, ameneyo ndi Maithanet. Constantinople ndi Momemn. Mfumu ya ku Constantinople, Alexios I Komnenos, inafuna kuti atsogoleri ochokera kumadzulo alumbire kuti abweza madera amene kale anali a ufumu wake, ndipo inagwiritsa ntchito chakudya ndi zombo zowolotsera pofuna kuwakakamiza. Chikalata cha Xerius chachokera pamenepo. Shimeh ndi Jerusalem, amene anagwa pa 15 July 1099.

Ngakhale khamu la osauka la m'bukuli, limene mtsogoleri wina, Calmemunis, analitsogolera osadikira anzake nkukathera pa chidikha cha Mengedda, liliponso m'mbiri. Mu 1096 khamu limene linatsatira Peter the Hermit linawoloka msanga ndipo linaphedwa pafupi ndi Civetot mu October chaka chomwecho. Chimene chinalakwika nchimodzi konseko: anthu ambiri, akavalo ankhondo ochepa, chakudya chosakwana, ndi chikhulupiriro chakuti Mulungu akwaniritsa zimene zikusowa.

Pamene Bakker wapatuka ndi pa mtima wa mfumu. Xerius amapangana mwachinsinsi ndi a Fanim kuti nkhondoyi isadzafike ku Shimeh, ndipo amalola dala kuti khamu la Calmemunis likafe kuti otsalawo aone kuti popanda Conphas sangapambane. Alexios ananenedwa kuti ndi wachinyengo, makamaka atabwerera panjira osakathandiza ku Antioch, koma pangano lotere sanachite.

Kadzidzi:
A Mbiri_Yakale, kutsatira mbiri chonchi sikukupha chidwi? Wodziwa za 1099 akudziwa kale kumene ulendowu uthere.

Mbiri_Yakale:
Ayi bambo, kumachiwonjezera. Chenjezo, ndikhudza buku lachiwiri. Mzinda wa Caraskand ndi Antioch. M'mbiri ankhondo a Mtanda anauzinga kuyambira October 1097 mpaka June 1098, nalowa chifukwa mlonda wa nsanja ina anawagulitsira mpata. Patangopita masiku ochepa Kerbogha wa ku Mosul anafika ndi asilikali ake nkuwazinga iwowo m'kati, ali ndi njala. Chimene chinawadzutsa ndi mkondo umene Peter Bartholomew ananena kuti ndi womwe unabaya Yesu. Anatuluka pa 28 June ali ofooka ndipo anapambana. Bakker amasunga zonsezi, kugulitsidwa kwa mzinda, njala, kuzingidwa kachiwiri, koma pamalo pa mkondo amaikapo munthu wamoyo amene akudziwa bwino chimene akuchita. Funso la wowerenga limasiya kukhala lakuti apambana kodi. Limakhala lakuti chozizwitsachi wachikonza ndani, ndipo wachikonza bwanji.

Nkhwazi:
Pamenepo ndi pamene pali nkhani yonse. Anthu amati bukuli ndi lamdima chifukwa cha magazi, koma magazi ali m'mabuku ambiri. Choopsa muno ndi mmene Kellhus amagwirira anthu.

A Dûnyain amaphunzitsa kuti ganizo lililonse lili ndi chimene chinalibala: chilankhulo chimene munthu anayamwa, mwambo wa kwawo, mantha a paubwana, njala ya tsikulo. Munthu amaona ganizo likafika koma saona kumene lachokera, ndiye amati ndaganiza ndekha. Iwo anadzitsekera mu linga lawo la Ishuäl pafupifupi zaka 2000, akusankha oyenera kubereka ndi kuphunzitsa ana kuti aziona gwero la maganizo awo. Kellhus atatuluka anapeza kuti anthu akunja gwero lawo saliona, pamene iye amaliwerenga pankhope zawo: timinofu ta m'masaya, kapumidwe, kugunda kwa mtima.

Njira yake Bakker amaionetsa yonse pa Leweth, mlenje wa m'mawu oyamba uja. Poyamba amamvetsera osatsutsa. Kenako amauza munthuyo choonadi chokhudza iye mwini chimene wakhala akudzibisira, kwa Leweth chinali chokhudza mkazi wake amene anamwalira. Munthuyo amalira, amamva ngati wamasulidwa, ndipo kuyambira pamenepo amatsatira mwa kufuna kwake. Ntchito yake ikatha amasiyidwa, monga Leweth anasiyidwira a Sranc, zilombo zolusa zonga anthu, m'chipale. Mabodza Kellhus ali nawo, amadzitcha kalonga wa ku Atrithau amene analota za nkhondoyi, koma chida chake chachikulu ndi choonadi. Nchifukwa chake nkovuta kumutsutsa. Mukamufunsa wogwidwayo akuuzani kuti sanamvetsedwepo chonchi chibadwire, ndipo sakunama.

Bakker anaphunzira filosofi ku yunivesite ya Vanderbilt, ndipo bukuli analitsegula ndi mawu a Nietzsche onena kuti ganizo limabwera pamene lafuna lokha. Amatsamiranso pa kafukufuku wa ubongo wonga wa Benjamin Libet wa 1983, amene anaonetsa kuti ubongo umayamba kukonzekera kusuntha dzanja munthu asanazindikire kuti wafuna kulisuntha. Akatswiri amatsutsanabe za tanthauzo la zotsatirazo, koma Bakker anatenga mbali yowawa kwambiri nkumangapo dziko lonse.

Namzeze:
A Nkhwazi, mwafotokoza bwino, koma mukumukomera mtima mlembiyu. Njira ya Kellhus imagwira pamene Bakker walemba mawu enieniwo tonse nkuwamva. M'malo ambiri sachita zimenezo. Amangotiuza kuti Kellhus analankhula ndipo anthu anazizwa. Pamenepo ndiye kuti mlembi akundipempha kuti ndikhulupirire popanda umboni, zomwe bukulo likudzudzula. Komanso munthu amene amaposa aliyense pa nzeru, pa lupanga, pa zilankhulo, mpaka kugwira mivi ili m'malere, amachotsa mantha m'nkhani. Sindimuopera kanthu.

Amene amanyamula bukuli ndi Cnaiür. Zaka 30 m'mbuyomo Moënghus, bambo a Kellhus, anagwidwa ukapolo kwa a Utemot, nakopa Cnaiür ali mnyamata mpaka bambo ake a Cnaiür anaphedwa. Ndiye Cnaiür ndi yekhayo amene akudziwa chimene Kellhus ali. Chitetezo chake nchosavuta kunena koma chowawa kuchita: asakhulupirire mawu aliwonse a Kellhus, ngakhale oona, ndipo asakhulupirire ngakhale maganizo ake omwe akakhala naye pafupi, chifukwa sadziwa ngati ndi ake kapena abzalidwa. Mtengo wake ndi misala. Ulendo wa awiriwa kudutsa chidikha cha Jiünati ndi mapiri a Hethanta ndi malo abwino koposa m'buku lonse, ndipo mulibe gulu lankhondo ngakhale limodzi.

Nkhwazi:
Za Cnaiür tagwirizana, achemwali. Za kusamuopera Kellhus, simuyenera kumuopera. Muyenera kuopera amene wakhala naye pamoto usiku umenewo.

Namzeze:
Chabwino, tiyeni tikambe za amene amakhala naye pamotowo. Akazi amene ali ndi malo m'bukuli ndi atatu: Esmenet, hule la ku Sumna, Serwë, mdzakazi amene Cnaiür anamutenga ngati chofunkha, ndi Istriya, nkhalamba yachiwembu. Onse atatu nkhani yawo imadutsa pa thupi. Kugwiriridwa kulimo kambiri ndipo kwalembedwa mosabisa, amene zimenezi zimamupweteka adziwe asanagule. Bakker wakhala akuyankha kuti anachita dala, pofuna kuonetsa dziko limene kupondereza akazi kunalembedwa m'malemba ake opatulika. Cholingacho ndikuchimva. Koma munthu amene anakwanitsa kupeka zilankhulo, mafuko ndi mbiri ya zaka 4000 sakanalephera kupeka mkazi mmodzi wamalonda kapena mzamba. Esmenet ndi wanzeru kuposa amuna ambiri omuzungulira, mafunso amene amafunsa Achamian za ukazitape wake ndi akuthwa kuposa a akuluakulu a Mandate, koma mlembi amamuyendetsa kuchoka m'manja mwa mwamuna uyu kupita kwa uyo.

Nkhwali:
Chenjezo la buku lachiwiri. Mayi, pali chinthu chimodzi chimene chimalemeretsa mbali imeneyi. Amene amaphunzitsa Esmenet kuwerenga, namuuza kuti sali wochepa kwa mwamuna aliyense, ndi Kellhus. Zimene akumuuzazo nzoona, ndipo ndi chingwe chomwe akumumangira, pakuti akufuna mkazi wanzeru woti amuberekere ana. Sizikufafaniza dandaulo lanu, koma zikuonetsa kuti mlembi ankadziwa pamene waponda.

Namzeze:
Kudziwa pamene waponda sikuchotsa phazi, achimwene.

Tambala:
Ine funso langa ndi lina. Ndamva kuti bukuli limanyoza opemphera, kuti chipembedzo chonse ndi chinyengo cha ochenjera. Ndi zoona? Ngati ndi choncho ndisataye ndalama.

Kadzidzi:
A Tambala, amene anakuuzaniyo anawerenga theka. Zoona, timaona mneneri akupangidwa ndi manja, ndipo timaona mafumu akugulitsana Mulungu ngati katundu. Koma taonani Nersei Proyas, kalonga wa ku Conriya. Ndi wokhulupirira weniweni, wanzeru, wosadyera chipembedzo, ndipo mlembi samuseka. Vuto lake ndi lakuti anaphunzitsidwa ndi Achamian ali mwana, amamukonda, koma malemba ake amati wamatsenga aliyense ndi wotayika. Akakumana, mmodzi amadalira kutsimikiza, winayo kukayika, ndipo onse awiri Kellhus amawapeza mosavuta. Wokayika sapulumuka chifukwa chokayika. Achamian amagwa chifukwa cha ulosi wakale wa gulu lake, wakuti wa banja la Anasûrimbor adzabwerera dziko likamatha.

Nkhwazi:
Ndiwonjezere, koma chenjezo lalikulu, izi ndi za mabuku anayi otsatira. Ku Eärwa, dziko la m'nkhaniyi, chilango cha pambuyo pa imfa si nkhambakamwa, chilipodi. Milungu ilipo. A Consult, adani akale amene anabweretsa chiwonongeko chimene Achamian amalota chija, anaona ndi maso awo kuti akamwalira akapsa, ndipo anapeza kuti anthu padziko akachepa kufika pansi pa 144,000, dziko lidzatsekeka ndipo chiweruzo sichidzawafikira. Nambalayi mukuidziwa, ili pa Chivumbulutso 7:4. Choncho ankhanza oposa onse m'nkhaniyi si osakhulupirira. Ndi amene akudziwa motsimikiza kuti gehena iliko. Buku lofuna kungonyoza opemphera silikanamangidwa motere. Bakker akufunsa funso lovuta kuposa pamenepo: ngati chikhulupiriro cha munthu chinabzalidwa ndi wina, koma chimene akukhulupiriracho chilipodi, munthuyo wanamizidwa kapena ayi?

Tambala:
Apo ndiye mwandikoka. Koma matsengawo ndi a mtundu wanji? Ndimatopa ndi nkhani zimene wamatsenga amangotambasula dzanja mavuto onse nkutha.

Nkhwali:
Muno ali ndi malamulo, ndipo malamulowo ndi amene amayendetsa ndale. Matsenga amagwira ntchito ndi tanthauzo. Wamatsenga amatchula mawu ena mokweza pamene m'mutu akunena ena osiyana nthawi yomweyo, kuti awiriwo akhomerere tanthauzo limodzi lisagwedezeke. Nchifukwa chake amagwiritsa ntchito zilankhulo zakufa, zimene matanthauzo ake sasuntha ndi macheza a tsiku ndi tsiku. Magulu ambiri, monga Scarlet Spires, amadalira mafanizo: akafuna moto amaitana chithunzi cha mutu wa chinjoka. A Mandate ali ndi Gnosis, imene imagwira chinthu chenichenicho popanda fanizo, ndipo imaoneka ngati mizere ya kuwala. Ndi yamphamvu kwambiri, ndiye magulu enawo amaisirira ndipo amawaseka a Mandate pa nkhani ya maloto awo a chiwonongeko chakale uku akufuna kuwabera Gnosisyo.

Zofooka zake ndi ziwiri. Aliyense wochita matsenga amakhala ndi banga limene amatsenga anzake amaliona, sangabisale. Ndipo pali timipira tachitsulo totchedwa Chorae. Wovala kamodzi matsenga samukhudza, ndipo kakakhudza wamatsenga amasanduka mchere. Kamangidwe kumuvi, woponya uta wamba angathe kupha munthu amene akanatentha gulu lonse. Ndiye wamatsenga sapita kunkhondo popanda asilikali omutchinga.

A Cishaurim ndi osiyana. Amadzichotsa maso, amaona kudzera mu njoka zimene amakoleka m'khosi, mphamvu yawo imachokera mu kutentha kwa mtima osati mu nzeru, ndipo alibe banga lija. Chifukwa cha iwowa Maithanet sakanatha kupita ku Shimeh popanda amatsenga, ndiye nkhondo yopatulika inachita kupangana ndi Scarlet Spires, anthu amene malemba ake omwe amati ndi otembereredwa. A Scarlet Spires nawo anavomera pofuna kubwezera, pakuti a Cishaurim anawaphera mtsogoleri zaka 10 m'mbuyomo.

Mbiri_Yakale:
Ndipo kusowa kwa banga ndi kumene kumapangitsa chochitika cha Skeaös kukhala choopsa. Pamsonkhano wa atsogoleri ku nyumba ya mfumu, Kellhus amaona kuti minofu ya nkhope ya ndunayo sikuyenda ngati ya munthu. Xerius, amene amakayikira aliyense, amaona Kellhus akuyang'anitsitsa nduna yake nkuimanga. Amaitana Achamian kuti aiyeze, ndipo palibe banga la matsenga. Kenako nkhopeyo imatambasuka ngati zala. Kwa zaka pafupifupi 300 a Mandate akhala akusekedwa kuti akusaka a Consult, mdani amene kulibe, ndipo apa Achamian yekha ndi amene akumvetsa kuti waona kazitape wawo. Msonkhano womwewo ndi umene umathetsa nkhani ya chikalata: Proyas amaimika Cnaiür kuti ndi wodziwa kumenyana ndi a Kian, Conphas sakufunikanso, ndipo nthumwi ya Maithanet imalamula mfumu kuti itsegule nkhokwe. Masamba onse a ndale amene a Gologolo akuvutika nawo phindu lake limaonekera pamenepo.

Gologolo:
Aaa, mwandiululira tsopano.

Kadzidzi:
Pepani achimwene, koma za buku loyamba tinati nzomasuka. Mmene zimachitikira mukazipezabe zokoma.

Nkhwazi:
Kanthu kena kakang'ono koti muzikayang'ana ndi masewera a benjuka amene Achamian amasewera ndi mnzake Xinemus. Pa bawo malamulo amakhala omwewo kaya mwasewera motani. Pa benjuka kusuntha kulikonse kumasintha malamulo a kusuntha kotsatira, ndipo wofunitsitsa kupambana ndi amene amagonja. Achamian amagonja kawirikawiri. Conphas anagonjetsa a Scylvendi pa nkhondo ya ku Kiyuth mwa njira yomweyo: anaphunzira miyambo ya a Scylvendi, nawaputa mwadala kuti amenye nkhondo pamene iye wafuna. Ndi Dûnyain wamng'ono wosaphunzitsidwa, ndipo nchifukwa chake iye ndi Kellhus sangakhale mumsasa umodzi mwamtendere.

Namzeze:
Pa kalembedwe, ndinene chabwino chimodzi ndisaoneke ngati ndabwera kudzangotsutsa. Nkhondo amazilemba ali patali, ngati wolemba mbiri, akutchula mafuko ndi mayina a akufa motsatana, kenako mwadzidzidzi nkulowa m'mutu mwa munthu mmodzi amene ali m'matope. Kiyuth yalembedwa choncho ndipo imagwira mtima. Choipa ndi Achamian akayamba kudzimvera chisoni. Masamba atatu a mafunso odzifunsa yekha pamene limodzi likanakwana. Chingerezi chakenso ncholemera, si buku loyambira kwa amene akuzolowera kumene kuwerenga nkhani zazitali.

Tambala:
Ndiye ndigule angati? Onse 7?

Kadzidzi:
Ayi, yambani ndi awiri oyamba pamodzi, chifukwa loyamba palokha limathera pamene ulendo ukuyamba ndipo mungaweruze molakwa. Atatu oyambawo amatseka nkhani ya Shimeh, mukhoza kuima pamenepo. Anayi otsatira, The Aspect-Emperor, amayamba patapita zaka 20 ndipo ndi owawa kuposa awa: The Judging Eye la 2009, The White-Luck Warrior la 2011, The Great Ordeal la 2016 ndi The Unholy Consult la 2017. Awiri omalizawo analembedwa ngati buku limodzi nkugawidwa pakati, ndiye musayambe The Great Ordeal linzakelo musanalipeze.

Mwezi wamawa tilowa The Warrior-Prophet, tiwerenge mpaka nkhondo ya ku Anwurat. A Mbiri_Yakale, mutikonzere za nkhondo ya m'mbiri ya ku Dorylaeum ndi za ulendo wa ludzu wa mu 1097 kuti tidzayerekeze ndi chipululu cha Carathay.

Mbiri_Yakale:
Ndikonza, bambo. Koma chipululucho chimabwera Anwurat itadutsa, ndiye muwonjezere mitu ina kapena ludzulo tilisungire mwezi winawo.